Mawu aja akuti “Phunzira, usadzathyole tiyi”



Pali mawu amene pafupifupi mwana aliyense wokulira ku Thyolo anawamvapo, kaya kwa amayi ake, kaya kwa aphunzitsi, kaya kwa agogo: “Phunzira mwanawe, usadzathyole tiyi.” Inenso ndinakula nawo. Amanenedwa mwachikondi, ndipo kawirikawiri wowanenayo ndi munthu amene m'mawa womwewo anali m'munda, dengu kumsana, mame atanyowetsa chitenje mpaka m'chiuno. Sabata ino ndikufuna tiwayang'ane bwino mawu amenewa. Ine ndimawaona kuti ndi oona, koma akubisa kanthu kena kamene ife opita kusukulu sitikonda kukayang'ana.

Tiyambe ndi kuona kwake, chifukwa sindikufuna wina aganize kuti ndikunyoza makolo. Amene simunafikeko kuderali mumangoona zithunzi: mapiri obiriwira ngati kapeti wa mumzikiti, msewu wochokera ku Limbe ukukhotakhota kudutsa pa Bvumbwe ndi pa Thunga, maukwati akujambulitsa. Kukongola kwake n'koona. Koma kapeti ameneyo amasamalidwa ndi zala za anthu. Wothyola amatenga masamba awiri ndi nsonga, masamba awiri ndi nsonga, kuyambira m'mamawa, mvula igwe isagwe, mpaka akwanitse makilo a tsikulo. Ntchito imachuluka nyengo ya mvula, kuyambira cha mu Disembala mpaka cha mu Epulo. Chilimwe chikafika masamba amachepa, ndipo ambiri mwa ogwira ntchito za nyengo amauzidwa kuti ayambe apuma kaye. Kupuma kopanda malipirotu.

Za malipiro, ngakhale eni ake a bizinesiyi anavomereza kuti zinthu sizili bwino. Mu 2015 bungwe la Tea Association of Malawi, makampani akunja ogula tiyi wathu komanso mabungwe monga Oxfam anasainirana pulogalamu yotchedwa Malawi Tea 2020, cholinga chake chachikulu chili choti pofika 2020 wogwira ntchito m'tiyi azilandira ndalama zokwanira kukhalira moyo. Mu 2016 ndi pamene eni maesiteti anasaina koyamba mgwirizano wa malipiro ndi bungwe la ogwira ntchito la PAWU. Taganizani: tiyi anayamba kulimidwa ku Mulanje m'zaka za m'ma 1890, Satemwa ku Thyolo kuno inayamba mu 1923, koma kukhala pansi kukambirana malipiro ndi oimira antchito mpaka kusaina pepala kunadikira zaka zoposa 100. Malipiro anakweradi, koma 2020 inafika cholinga chija chisanakwaniritsidwe. Kenaka kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, ndi 44 peresenti mu Novembala 2023. Zomwe zinachitikira mtengo wa sopo, mafuta ophikira ndi feteleza mukuzidziwa nokha. Ndiye mayi akamauza mwana wake kuti athawe moyo umenewu, akudziwa chomwe akunena. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko.

Koma funso limene limandivuta ndi ili: n'chifukwa chiyani sukulu ndi munda wa tiyi zimaoneka ngati adani, ngati njira ziwiri zosakumana, ina ya ulemu ina ya manyazi? Sizinangochitika zokha ayi.

M'zaka za m'ma 1890 Harry Johnston, mkulu wa boma la atsamunda, anapereka kwa azungu zikalata zowatsimikizira umwini wa malo akuluakulu m'mapiri a Shire. Anthu amene ankakhala pamalopo, pamodzi ndi Alomwe ambiri amene ankawoloka kuchokera ku Mozambique kuthawa nkhanza za Apwitikizi, anasanduka alendi pa nthaka ya mzungu. Lendi yake inali ntchito. Dzina lake linali thangata, mawu athu omwe abwinobwino otanthauza kuthandizana, amene anapotozedwa mpaka kukhala dzina la ukapolo. Thangata inathetsedwa mwalamulo mu 1962, dzulodzuloli, agogo athu ena alipo amene anaigwira.

Tsono pa maesiteti ena a nthawi imeneyo sukulu sinkafunika n'komwe. Ku Magomero, pa esiteti ya A.L. Bruce, kapitawo wamkulu William Jervis Livingstone ankakaniza sukulu, ndipo ankawotcha timatchalitchi ta anthu a John Chilembwe, momwenso ana ankaphunziriramo. Kuukira kwa pa 23 Januwale 1915 kutachitika, azungu ambiri a m'maesiteti anauza komiti yofufuza kuti cholakwa ndi maphunziro a amishoni amene akutukumula anthu akuda. Anthu amenewa sanali opusa. Ankadziwa kuti munthu wotha kuwerenga amawerenganso masiku olembedwa pa tikiti yake ya ntchito, ndipo amaona pamene tsiku lina ladumphidwa.

Komabe esiteti siyenda popanda kalaliki, kapitawo, wosunga sitolo, wothandiza kuchipatala. Anthu amenewa ankachokera kusukulu za mishoni, monga Malamulo ku Makwasa, imene Adventist anayamba mu 1902. Choncho sukulu inalandira ntchito yosankha: uyu agwire cholembera, awa asenze madengu. Ochepa akwere, ambiri atsale, ndipo okwerawo aziyang'anira otsala. Mawu aja akuti “phunzira usadzathyole tiyi” anabadwira pamenepa.

Apa ife Asilamu nkhaniyi ikutikhudza mwapadera. Nthawi ya atsamunda sukulu zambiri zinali m'manja mwa mipingo, ndipo makolo ambiri achisilamu ankaopa kuti mwana akapita ngati Yusufu akabwerako ali Yosefe. Ambiri anasankha kusunga dini, n'kutumiza ana ku madrasa kokha. Zotsatira zake ukalaliki, uphunzitsi ndi ntchito za m'boma zinawadutsa, iwo n'kukhala atelala, asodzi, ogulitsa malonda, ophika m'nyumba za mabwana, ogwira ganyu. Mpaka lero timamvabe chipongwe choti “Asilamu ndi osaphunzira.” Timapsa nacho mtima, ndipo n'zoyenera, chifukwa tikudziwa kuti agogo athu amene ankasunga Qur'an pamtima ndi kuwerengera malonda awo m'mutu sanali mbuli. Anali anthu amene khomo linawatsekekera. Nanga ngati tikudziwa zimenezi za agogo athu, bwanji tikaona mayi wothyola tiyi timafulumira kunena kuti “ankathawa sukulu ameneyu”?

Tiyeni tione mmene ntchito ya makolo imalowera m'kalasi masiku ano. Kuyambira 1994, pamene boma la Bakili Muluzi linachotsa fizi ya kupulayimale, khomo linatseguka kwa aliyense. Lamulo la ntchito la 2000 limaletsa kulemba ntchito mwana wosakwana zaka 14. Papepala zonse zili bwino. Koma tayang'anani kalendala. Chaka cha sukulu chimayamba cha mu Seputembala, nthawi imene mwana akufuna yunifomu, nsapato, makope, ndipo ngati wasankhidwa ku sekondale yakutali akufunanso lendi ndi chakudya cha self boarding. Seputembala yemweyo ndi pakati pa chilimwe, pamene wogwira ntchito za nyengo wakhala miyezi ingapo osalandira kanthu. Kenaka teremu yachiwiri imagwa mkati mwa mvula, pamene amayi akuchoka m'nyumba kusanache n'kubwerako atatheratu. Wotunga madzi ndani, wophikira ang'onoang'ono ndani, wopalira kamunda kachimanga ndani? Nthawi zambiri ndi mtsikana wamkulu, uja amene mayeso a Sitandade 8 akumudikira miyezi yochepa kutsogolo. Palibe amene wamulemba ntchito pa esiteti. Lamulo silinaswedwe. Koma tiyi wamudyera maola ake owerengera chimodzimodzi.

Zotsatira zikatuluka timati mwanayu analibe mutu.

Wina anena kuti, koma maesiteti amathandizatu: amamanga midadada ya sukulu, zipatala, amalipirira ana ena. Zoona, ndipo sindikuzichepetsa. Kuli anthu lero ovala mataye amene anaphunzira ndi thandizo lotero, ndipo ndalama za Fairtrade pa esiteti ngati Satemwa zagwirapo ntchito zooneka. Koma ife tinaphunzitsidwa kusiyanitsa sadaka ndi haki. Sadaka ndi yabwino, woipereka Allah amulipire. Haki ndi ya mwini wake kale, sapempha, sathokoza mogwada. Bursary imasankha mwana mmodzi wanzeru kwambiri pa komboni yonse n'kumukweza, ndipo chithunzi chake chimakongoletsa lipoti la pachaka. Malipiro okwanira akanaphunzitsa ana onse a m'nyumbamo, wanzeru kwambiri ndi wapakatikati yemwe, popanda wojambula. Ndikaona sadaka ikuchuluka pamene haki ikuchedwa, mtima wanga sukhazikika.

Ndiye pali nkhani ya malo, imene ku Thyolo sungaizembe. Kalembera wa 2018 anapeza anthu oposa 700,000 m'bomali. Nthaka yabwino yambiri ili m'maesiteti, anthu apanikizana m'mapiri ndi m'mphepete, banja lonse pa kamunda koti ukaponya mwala umagwera kwa eni ake ena. Nthochi zimene kale zinkaphunzitsa ana ku Thekerani ndi ku Masambanjati zinapululuka ndi matenda a chisaka. Ambiri tinamuseka Vincent Wandale pamene ankalengeza kuti Thyolo ndi Mulanje ndi dziko palokha, koma anthu amene ankamutsatira sankatsatira nthabwala, ankatsatira njala ya malo. Tsono lumikizani zinthuzi. Munthu wopanda munda wokwanira, wopandanso pepala la sukulu, ali ndi khomo limodzi lokha logogoda. Anthu otero akachuluka, mzere wa pageti umatalika, ndipo mzere ukatalika wolemba ntchito sakakamizika kukweza malipiro. Malipiro akachepa, mwana wa m'nyumbamo salimba kusukulu, ndipo pakapita zaka zingapo nayenso waima pamzere womwewo. Sindikunena kuti pali munthu amene anakhala pansi n'kukonza zimenezi. Ndikungoti gudumuli likuzungulira, ndipo alipo amene likuwapindulira, kuphatikizapo ife tikamamwa Chombe wotsika mtengo pa futari.

Apa ndi pamene mawu a amayi aja amandidetsa nkhawa. Amaphunzitsa mwana kudumpha pagudumu, koma samuuza kanthu za amene atsale. Mwana amamva zinthu ziwiri nthawi imodzi. Choyamba: limbikira. Chachiwiri, chimene palibe ananena koma chimalowabe: ntchito imene yakulera ndi yochititsa manyazi, ndipo oigwira ndi olephera. Ndakhala nawo ku koleji anzanga ochokera m'makomboni amene ukawafunsa za makolo amayankha kuti “amagwira ku kampani ina yake ku Thyolo,” n'kusintha nkhani msanga. Fizi yawo inachokera m'dengu lomwelo limene akulibisa.

Ndipo lonjezo lenilenilo silikwaniritsidwa kwa onse. Lero m'mizere yothyola muli anyamata ndi atsikana a MSCE. Ena ali pa kabaza pa Luchenza, ena anakwera basi ya ku Joni. Mnyamata wotere amamenyedwa kawiri: umphawi mbali ino, manyazi mbali inayo, chifukwa anakula akuuzidwa kuti wothyola tiyi ndi amene anakana sukulu, pamene iye sanaikane. Amayenda mozemba anzake akale a m'kalasi. Ena mpaka Jumu'ah amakaswalira mzikiti wakutali.

Ku Ndata, m'boma lomweli, kuli Malawi University of Science and Technology, imene inalandira ophunzira oyamba mu 2014. Nyumba zake ukaziona ukuchokera m'minda ya tiyi umachita kuima kaye. Ndi chinthu chonyaditsa, Alhamdulillah. Koma mtunda wochoka pa CDSS yopanda labotale kukafika m'kalasi ya uinjiniya pa Ndata ndi wautali kuposa wochoka ku Lilongwe kapena ku Mzuzu, ngakhale mwanayo atakhala kuti nyumbazo amaziona ali pakhomo pawo. Ndipo pali china. Mwa ophunzira amenewo mudzatuluka odziwa kupanga ndi kukonza makina. Makina othyolera tiyi alipo kale, ndipo amodzi amagwira ntchito ya anthu ambiri. Ku Kericho m'dziko la Kenya, mu 2023, anthu okwiya anawotcha makina otero ponena kuti awalanda ntchito. Tsiku lina mwana wa wothyola tiyi, digiri m'manja, adzafunsidwa ndi abwana kuti awerengere ndalama zimene kampani ingapulumutse itagula makina. Adzawerengera molondola, chifukwa anaphunzira bwino. M'nambala zimenezo mudzakhala azakhali ake. Sindikuti akane kuwerengera, makinawo abwera ndithu, afune asafune. Koma kodi sukulu yake inamuphunzitsa kufunsa kuti anthu awa apita kuti, kapena inangomuphunzitsa kuthokoza kuti iye sali m'gulumo?

Chifukwa zoona zake n'zoti ambiri mwa ophunzira sathawa tiyi. Amabwerera, koma mbali ina ya sikelo.

Azakhali anga anagwira zaka zambiri pa esiteti ina imene sindiitchula. Sankatha kuwerenga. Madzulo alionse ankaponya njere za chimanga m'kachitini, kuti adziwe masiku amene agwira, ndipo makilo ankawasunga pamtima. Tsiku lolandira nthawi zina zawo ndi za kalaliki sizinkagwirizana. Akafunsa, yankho linali loti “mayi, zalembedwa apa, mukufuna muwerenge nokha?” Anthu pamzere n'kuseka. Kalalikiyo sanali mzungu, sanali mlendo. Anali mwana wa m'mudzi woyandikana nawo, amene amayi ake omwe anamuphunzitsa ndi ndalama ya dengu. Kaya ankaba kaya ankangolakwitsa, Allah ndiye akudziwa. Chimene ine ndinachiona n'choti kuwerenga kwake anakusandutsa chikwapu.

M'Qur'an muli sura yathunthu imene dzina lake likunena za anthu ochepetsa muyeso, Al-Mutaffifin, ndipo tonse tinaiphunzira tili ang'ono. Tikamaimva timaganiza za wogulitsa chimanga pamsika amene wapinda chidebe pansi. Ine masiku ano ndimaganiza za ife a mapepala: kalaliki pa sikelo, wa akaunti amene akulemba zodula pa malipiro, wa HR amene akudziwa kuti mayi uyu lamulo likumupatsa tchuthi chauchembere koma sanena chifukwa sanafunsidwe, namwino amene amalankhula mwina kwa mkazi wa manejala, mwina kwa mkazi wa mlonda. Kubisa chimene ukudziwa kwa munthu amene sangathe kuchipeza yekha ndi kuchepetsa muyeso ndithu, ngakhale sunakhudze sikelo.

Ndipo mphamvu imeneyi imafika poipa kuposa pamenepa. Mu 2021 kampani ya Camellia ya ku Britain, mwini wa Eastern Produce Malawi, inavomera kulipira mapaundi 2.3 miliyoni pothetsa mlandu wa amayi 36 amene ankadandaula za kugwiriridwa ndi nkhanza zina zokhudza kugonana pantchito m'maesiteti. Kampaniyo sinavomere kulakwa, koma inalonjeza kusintha zina. Mlandu unakasumidwa ku London, koma amene ankatchulidwa m'madandaulowo sanali a ku London. Anali amuna a konkuno, okhala ndi kaudindo pamwamba pa mayi amene akufuna kuti dzina lake lilembedwenso nyengo ikubwerayi. Kaudindo kakang'ono, kopezeka mwina chifukwa cha makalasi awiri atatu oposa mnzako.

Ndikudziwa kuti wina pansipa alemba kuti rizq amagawa ndi Allah, aliyense ali ndi gawo lake, tiwalimbikitse sabr. Rizq ndi ya Allah, palibe akutsutsa. Koma sabr ndi chovala chimene munthu amavala pa mavuto ake, ndipo anthu a m'makomboni amachidziwa kuposa ine ndi inu. Sichinapangidwe kuti wokhuta aziveka wanjala n'cholinga choti asiye kufunsa. Dini yomweyo imene imatiphunzitsa kupirira ndi imene imalamula kuti wantchito alipidwe msanga ndi mokwanira, ndipo imaika kufunafuna maphunziro pa mwamuna ndi mkazi yemwe, osati pa mwana wa kalaliki yekha.

Winanso afunsa kuti, ndiye tiziwauza ana kuti akhale, azithyola? Ayi. Mwana wa mchemwali wanga ndimamuuza kuti awerenge mpaka maso afiire, ndipo ndikufuna adzapeze ntchito yosathyola msana. Chimene ndasiya n'kugwiritsa ntchito agogo ake ngati choopsezera. Ndimamuuza kuti aphunzire masamu kuti pasadzapezeke womunamiza pa sikelo, iye kapena wina aliyense amene waima naye pafupi. Ndimamuuza kuti tiyi amene akugulitsidwa pa okushoni ku Limbe n'kukamwedwa ku Britain ndi ku South Africa wadutsa m'manja mwa anthu aluso, chifukwa kuthyola makilo ambiri osawononga tchire ndi luso limene iye ndi ine sitingalikwanitse ngakhale tsiku limodzi. Kaya zikumulowa kaya ayi, ali Fomu 2, nkhani yake yaikulu pano ndi foni.

Kwa inu a ku Thyolo ndi ku Mulanje amene muli m'makoleji ndi m'masekondale, ndili ndi pempho laling'ono la holide ikubwerayi, in shaa Allah. Pemphani amayi, abambo kapena aneba kuti akuonetseni kapepala kawo ka malipiro. Khalani nawo pamkeka muwerenge limodzi mzere ndi mzere: masiku angati, makilo angati, chadulidwa n'chiyani, chifukwa chiyani. Funsani ngati ali m'bungwe la antchito, ngati akudziwa woimira wawo, ngati anasainapo pepala limene sanawerengeredwe. Poyamba adzakana, adzati za ntchito zisiyeni mungatichotsetse. Musawakakamize, ndipo musathamangire kukajambula n'kuponya pa Facebook, ntchitoyo ndi yawo, si yanu. Mungowerenga nawo basi. Amene mudzayese, mudzatiuze zomwe mwapeza, osatchula maina.